Buku landidanitsa ndi amalume kuno ku Lusaka

Moni nonse a ku Mangochi, a ku Balaka, ndi inu muli pa Joni. Lero mtima uli m'mwamba, mundilole ndingolankhula.

Paja mukudziwa kuti ndimayala mabuku akale m'mbali mwa Cairo Road. M'katoni ina imene ndinagula munatuluka The Satanic Verses, buku la Salman Rushdie lija la 1988, limene Asilamu ambiri amati limanyoza Mtumiki Muhammad. Dzulo amalume ena amene timaswali nawo anabwera kudzafuna dikishonale ya mdzukulu wawo, n'kuliona. "Mphwanga, zimenezi ukugulitsa? Litenthe pompano!" Ndinati, "Amalume, mwaliwerenga?" Akuti sangadetse maso awo. Anthu anaunjikana, mpaka oitanira minibasi, oti sadziwa ngati Rushdie ndi munthu kapena mankhwala a chimfine. Dikishonale ija anatengabe, pangongole!

Ine ndine Msilamu wobadwira m'mbali mwa nyanja, palibe angandiphunzitse kulemekeza Mtumiki. Zina m'bukumo zinandiwawa, sindibisa. Koma tamverani. Mu February 1989 Ayatollah Khomeini, mtsogoleri wa Iran panthawiyo, analamula kuti wolembayo aphedwe. Mu 1991 anapha Hitoshi Igarashi, amene anangolimasulira m'Chijapanizi. Mu August 2022 ku Chautauqua, New York, mnyamata amene anali asanabadwe n'komwe pomwe bukulo limatuluka anamubaya Rushdie anthu akuona, diso lakumanja n'kufa. Mnyamatayo anavomera kuti anawerenga masamba ochepa chabe. Pano akugwira ukaidi wa zaka 25. Chipembedzo chapindulanji pamenepo?

Ndipo ife Amalawi, abale anga, tiyenera kukhala oyamba kuopa zoletsa mabuku. Nthawi ya Kamuzu a Censorship Board ndiwo ankatisankhira chowerenga. A Jack Mapanje, mlakatuli uja, anatsekeredwa kundende ya Mikuyu kuyambira 1987 mpaka 1991 osazengedwa mlandu. Makolo athu ankanong'ona m'nyumba zawo zomwe. Lero ndidzakhale ine woyatsa machesi?

Komanso tisaiwale kumene tili. Pulezidenti Chiluba analengeza mu 1991 kuti Zambia ndi dziko lachikhristu, ife Asilamu ndife ochepa kuno. Tikanena kuti aliyense wokwiya azitentha buku, mawa ochulukawo akadzakwiya adzatentha la ndani? Likakunyansa usagule, lemba lako lotsutsa, kalalikire ku mzikiti. Ufulu umenewo ndi wakonso.

Bukulo lili kwathu ku Chawama, wolifuna adziwa pondipeza. Za akhansolo amene anatilanda katundu tidzakamba ulendo wina, batire latha.