Makalata Anu: Caterina Valente ndi Nyimbo za ku Cuba

Tiyambe ndi kalata ya agogo ena a ku Zomba. Iwo alemba kuti: "Mwanangu, sabata yatha unatiikira nyimbo yotchedwa Malagueña. Mayi woimbayo ali ndi mawu okwera ochititsa nthumanzi. Kodi ndi wa ku Spain? Akadali moyo?"

Zikomo agogo. Amene munawamva aja ndi mayi Caterina Valente. Anatisiya mu September 2024 ku Lugano m'dziko la Switzerland, ali ndi zaka 93. Kwawo sikunali ku Spain ayi. Anabadwira ku Paris mu 1931, m'banja lochokera ku Italy lomwe linkayendayenda kusangalatsa anthu. Bambo awo ankaimba akodiyoni, mayi awo a Maria ankaseketsa anthu uku akuliza zida zosiyanasiyana. Choncho kuvina ndi gitala anaziyamba ali kamwana, ndipo nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itatha ankaimba m'malo achisangalalo a usiku ku Paris kuti banja lidye.

Nyimbo mwaikondayo inapekedwa ndi Ernesto Lecuona wa ku Cuba, katswiri wa piyano. Mayi Valente anaijambula mu 1954 ku Germany pamodzi ndi gulu la Werner Müller. Taganizani agogo, mizinda ya kumeneko inali isanathe kumangidwanso, mabanja ambiri akulirabe amuna omwe sanabwerere kunkhondo. Kenaka pa wailesi pakumveka mtsikana wa zaka 23 akuimba nyimbo yothamangitsa magazi, yochokera kumaiko a dzuwa. Ine ndimaona kuti anthuwo ankafunitsitsa chinthu chowatsitsimutsa, ndipo mayiwa anali nacho, chifukwa ankaimba ndi thupi lonse, osati pakhosi pokha.

Kalata yachiwiri yachokera kwa mnyamata wa ku Chipata, ndipo wabwera ndi ukali pang'ono. Akuti: "Achimwene, nyimbo zakale za azungu n'zachiyani? Tiikireni rumba yeniyeni ya Franco."

Achimwene anga, Franco ndimamukonda, ndipo pempho lanu ndalilandira. Koma musathamangire kunena kuti izi n'za azungu. Kuyambira m'ma 1930, kampani ya HMV inkagulitsa muno mu Africa mbale za nyimbo za ku Cuba zokhala ndi chizindikiro cha GV. Anyamata a ku Léopoldville, komwe lero ndi Kinshasa, anazimvera mpaka kuziloweza, ena n'kumayeserera ngakhale Chisipanishi chomwe sankachimva. Joseph Kabasele anayambitsa gulu loimba la African Jazz mu 1953, ndipo OK Jazz ya Franco inabadwa mu 1956. Mukuona zaka zake? Ndi nthawi yomweyo imene mayi Valente ankavinitsa anthu ku Ulaya. Onsewa ankatunga pachitsime chimodzi. Ndipo ng'oma za ku Cuba zinapita kumeneko ndi makolo a ku Africa omwe anatengedwa ukapolo, ambiri mwa iwo ochokera kudera la Congo komweko.

Kusiyana kulipo, sindikana. Mayi Valente anali ndi gulu lalikulu la malipenga ndi mavayolini, pamene Franco anapatsa magitala ntchito yaikulu n'kuika Lingala pamwamba.

Ndiye tcherani khutu nonse awiri. Tiyamba ndi The Breeze and I, inanso ya Lecuona yomwe mayi Valente anatchuka nayo mpaka ku America mu 1955. Ikangotha, Franco alowa.