Makalata a omvera: mmene Bob Dylan anayambira kuimba

Kalata yoyamba lero yachokera kwa bambo wina wa ku Zomba, ndipo akuti: "Ndinamva kuti woimba wa ku America, Bob Dylan, analandira mphoto ya Nobel mu 2016. Kodi iyeyu anayamba bwanji, nanga n'zoona kuti chimbale chake choyamba sichinayende malonda?"

Zikomo bambo, zimene munamvazo n'zoona. Dylan, yemwe dzina lake lobadwa nalo ndi Robert Zimmerman, anabadwa mu 1941 ku Duluth, m'chigawo cha Minnesota, ndipo anafika ku New York mu Januwale 1961 akufunitsitsa kukazonda Woody Guthrie, katswiri wa nyimbo za anthu wamba amene pa nthawiyo anali chigonere m'chipatala. Mnyamatayu ankaimba m'malo omwera khofi a ku Greenwich Village, dera la mumzinda wa New York, gitala ili m'manja, kachitoliro ka harmonica atakamangirira pa kachitsulo m'khosi kuti aziliza zonse ziwiri nthawi imodzi, mpaka John Hammond wa kampani yojambula nyimbo ya Columbia anamuona ndi kumusainitsa.

Chimbale choyambacho anachijambula m'masiku awiri okha mu Novembala 1961, chinatuluka mu Malichi 1962, ndipo mwa nyimbo 13 zimene zinalimo, ziwiri zokha ndi zimene anapeka yekha. M'chaka choyamba munagulidwa makope pafupifupi 5,000, moti ena pakampanipo ankanyogodola Hammond kuti wataya ndalama pachabe. Ine ndimachilemekeza kwambiri chimbalechi, chifukwa m'menemo mukumveka mwana amene akusula luso lake pa nyimbo zakale za makolo, ndipo ngakhale atayamba kupeka zake, maimbidwe ambiri anawatapa komweko. Hammond sanamutaye, ndipo chimbale chachiwiri cha mu Meyi 1963, chodzaza ndi nyimbo zake zodzudzula nkhondo ndi tsankho, chinamutchukitsa kwambiri.

Mayi wina wa ku Mzuzu akufunsa mwachidule: "Bwanji omutsatira ena anamukwiyira pambuyo pake?"

Mayi, nkhani yake inali gitala yamagetsi. Mu Julaye 1965, pa chikondwerero cha nyimbo cha ku Newport, Dylan anakwera pa nsanja ndi bandi yaphokoso, ndipo ena mwa anthu amene anabwera kudzaonera anamukuwiza, poganiza kuti wataya nyimbo za anthu wamba n'kuyamba kuthamangira ndalama. Iye sanabwerere m'mbuyo, ndipo chaka chotsatira anakaimba ku Britain ndi bandi yamagetsi, komwe anakumananso ndi mkuwo womwewo.