Daan Roosegaarde, mmisiri amene anamiza Amsterdam m'madzi a kuwala

[Chithunzi: usiku pabwalo la Museumplein, mafunde abuluu akuyandama pamwamba pa mitu ya anthu]

Tayang'anani bwino anthu awa. Mafunde akudutsa pamwamba pawo, koma palibe amene wanyowa ngakhale pang'ono. Munali mu 2015, mumzinda wa Amsterdam, likulu la dziko la Netherlands. Mafundewa ndi a magetsi a LED, magalasi, nkhungu yopopera ndi pulogalamu ya pakompyuta. Ntchitoyi imatchedwa Waterlicht, ndipo ikusonyeza pamene madzi akanalekezera kukanapanda makoma otchinga nyanja ndi mitsinje.

Mwini wake ndi Daan Roosegaarde, wobadwa mu 1979 ku Netherlands. Anayamba waphunzira zaluso, kenako n'kutenga digiri ya zomangamanga pa Berlage Institute ku Rotterdam. Mu 2007 anatsegula Studio Roosegaarde, momwe amisiri aluso ndi mainjiniya amagwirira ntchito limodzi. Nyumba samanga. Zomangira zake ndi kuwala, mpweya ndi kuyenda kwa anthu.

[Chithunzi: mapu a Netherlands]

Kuti mumvetse Waterlicht, dziwani kaye dzikoli. Pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi a nthaka yake ndi lotsika kuposa nyanja. Usiku wa pa 31 Januwale 1953 makoma anagumuka, ndipo anthu oposa 1,800 anafa. Kuchokera apo boma linamanga zotchinga zamphamvu, moti mwana wokulira kumeneko amatha kukalamba osaganizirapo kuti pabedi pake pali pansi pa nyanja. Chitetezo chikakhala chabwino, anthu amaiwala chimene chikuwateteza. Roosegaarde sanawalembere lipoti. Anawaitanira pabwalo usiku, aliyense n'kukweza mutu, n'kuona ndi maso ake madzi atamupitirira. Ine ndimaona kuti apa ndi pamene luso lake linafika pachimake, chifukwa nambala ya mamita imalowa khutu ili n'kutulukira linalo, koma thupi likamva mantha limasunga.

[Chithunzi: kanjira ka njinga kakunyezimira mumdima]

Chaka chimodzi m'mbuyo mwake, mu Novembala 2014, anatsegulira kanjira ka njinga ka mamita 600 pakati pa Eindhoven ndi Nuenen, kumene katswiri wojambula zithunzi Vincent van Gogh anakhalako kuyambira 1883 mpaka 1885. Timiyala masauzande timamwa dzuwa masana n'kumawala usiku, titayalidwa mozungulirazungulira ngati nyenyezi za pa chithunzi cha Van Gogh chotchedwa The Starry Night. Sikuti zonse zinkayenda bwino. Chaka chomwecho, mizere yowala imene anaika pamsewu wa N329 ku Oss inazilala chinyezi chitailowa, ndipo anachita kuikonzanso.

[Chithunzi: nsanja yachitsulo m'paki]

Tsono nayi ntchito imene anthu amakanganirana. Smog Free Tower ndi nsanja yotalika mamita 7. Inaimikidwa koyamba ku Rotterdam mu 2015 ndi ndalama zimene anthu wamba anasonkha pa Kickstarter, tsamba la pa intaneti losonkherapo ndalama, ndipo mu 2016 inapita ku Beijing. Imayamwa mpweya, n'kupatsa tizidutswa ta utsi mphamvu ya magetsi kuti tikamatirire pa chitsulo m'kati mwake, kenako imatulutsa mpweya woyererako. Eni ake amati pa ola limodzi imasefa mpweya wokwana makyubiki mita 30,000.

Otsutsa amati nsanja imodzi singayeretse mzinda, ndipo sakunama. Imathandiza pafupi pomwe yaima basi, pamene mafakitale ndi magalimoto akufukabe. Koma taonani chimene anachita ndi mwaye umene anatolera. Anaupanikiza n'kuutsekera m'mphete. Mphete iliyonse imaimira mpweya wa makyubiki mita 1,000, ndipo ena anazigula kuti zikhale zaukwati. Utsi umene anthu ankangoupuma osauona unasanduka kachinthu kakuda kooneka pachala.

[Chithunzi: mphete pafupi kwambiri, kabokosi kakuda kali pakati]

Yandikitsani maso pa kadontho kakudako. Nsanja ikanapanda kukagwira, kakanathera m'mapapo mwa munthu wina woyenda mumsewu wa ku Beijing.