Mmene Abengali anadzukira ali m'manja mwa atsamunda

Zikomo a tcheyamani. Amfumu, amayi, abambo ndi achinyamata nonse, ndakupatsani moni. Muli kumbuyoko, mawu akachepa mukweze dzanja.

Lero tipita kutali, ku Bengal. Pa mapu a masiku ano dzikoli simulipeza lili limodzi. Chigawo cha kumadzulo chili mu India, ndipo mzinda wake waukulu ndi Kolkata, umene kale unkatchedwa Calcutta. Chigawo cha kum'mawa ndiye dziko la Bangladesh. Koma chilankhulo chawo n'chimodzi, Chibengali. Ndi dziko la mitsinje ndi mpunga, ndipo n'kumene Angerezi anayambira kulamulira India. Mu 1757 kampani ya malonda yotchedwa East India Company inagonjetsa wolamulira wa Bengal pa nkhondo ya ku Plassey. Mundimvetse, kampani, osati boma. Pofika 1770 kunagwa njala imene inapha anthu mamiliyoni, kampaniyo ili kalikiliki kutolera msonkho.

M'dziko lopanikizidwa lomweli, zaka zotsatira kunatuluka alembi, aphunzitsi, asayansi ndi anthu otsutsa miyambo yopweteka, ochuluka moti mpaka lero India ndi Bangladesh amawanyadira. Atsamunda ankati ndi iwo anabweretsa zonsezi. Paja akuluakulu amati mlendo ndiye amabwera ndi kalumo kakuthwa. Kalumo anabwera nako ndithu, koma anafuna kumetera ndevu zake. Makina osindikizira anabwera kuti antchito a kampani aphunzire chilankhulo cha anthu amene ankawakhometsa msonkho, ndiponso kuti amishoni afalitse Baibulo. Sukulu za Chingerezi ankazifuna kuti apeze makalaliki otchipa. Zimene Abengali anachita nazo zida zimenezi eni ake sanaziyembekezere. Ngakhale zilembo zachitsulo zosindikizira Chibengali, zimene zinagwira ntchito koyamba mu 1778, anazisula ndi Mbengali, mmisiri wa zitsulo dzina lake Panchanan Karmakar, akugwira ntchito ndi Mngerezi Charles Wilkins.

Munthu amene ambiri amayambira pomutchula ndi Ram Mohan Roy, wobadwa mu 1772. Ankadziwa Chisanskrit, chilankhulo cha malemba a Chihindu, ankadziwanso Chiperezi ndi Chiarabu, ndipo Chingerezi anachiphunzira ali wamkulu kale. Masiku amenewo m'mabanja ena a Ahindu apamwamba munali mwambo wa sati: mwamuna akamwalira, mkazi wake ankatenthedwa wamoyo pa mulu wa nkhuni limodzi ndi mtembo. Ku Bengal kokha ankalemba akazi mazanamazana chaka chilichonse. Angerezi ankauona mwambowu koma ankaopa kuukhudza, poti ukanasokoneza malonda. Roy sanapite kwa anthu ake ndi mawu akuti azungu akutiseka. Anatsegula malemba awo omwe, n'kulemba timabuku m'Chibengali kuyambira 1818, kuonetsa kuti malembawo sakakamiza mkazi kufa. Bwanamkubwa William Bentinck analetsa sati mu December 1829. Akuluakulu osunga mwambo anakachita apilo mpaka ku London, koma mu 1832 apiloyo inakanidwa, Roy ali komweko ku England. Anamwalirira ku Bristol chaka chotsatira. Ndipo musamuyese mwana wa azungu: mu 1823 boma litakhwimitsa malamulo a nyuzipepala, iye anatseka nyuzipepala yake ya Chiperezi posonyeza kukwiya.

Panalinso achinyamata amene anatenga njira ina. Pa Hindu College, imene inatsegulidwa mu 1817, panali mphunzitsi wamng'ono, Henry Derozio, amene anayamba kuphunzitsa ali ndi zaka 17. Ankauza ophunzira kuti asamavomere kanthu asanafunse chifukwa chake. Anyamata anatengeka. Ena anayamba kumwa mowa ndi kudya nyama ya ng'ombe poyera, chikhalirecho kwa Mhindu ng'ombe ndi yopatulika, ndipo tsiku lina anaponya zotsala za nyamayo m'bwalo la mnansi wawo wa Chibrahmin, gulu lapamwamba la ansembe a Chihindu. Mnyamata wa pakhomo pamene anadyerapo anathamangitsidwa kwawo. Derozio anachotsedwa ntchito mu 1831, n'kumwalira ndi kolera chaka chomwecho ali ndi zaka 22. Kufunsa anaphunzitsa bwino. Koma ine sindikuona mkazi wamasiye amene anapulumuka chifukwa cha fupa loponyedwa kuseri kwa mpanda.

Amene ndikufuna tikhalepo pang'ono ndi Ishwar Chandra Vidyasagar. Anabadwa mu 1820 m'mudzi wa Birsingha, m'banja losauka. Amasimba kuti popita ku Calcutta wapansi ndi bambo ake ali mwana, anaphunzira manambala a Chingerezi powerenga miyala yosonyeza mitunda m'mbali mwa msewu. Anakula n'kukhala mkulu wa Sanskrit College, koma ngakhale pokakumana ndi akuluakulu a boma ankavala nsalu yake ndi zilipasi.

Iye anaona kuti kuletsa sati kunasiya vuto lina pabwalo. Atsikana ankakwatiwa ali ndi zaka 8 kapena 9, nthawi zina kwa nkhalamba ya mitala. Nkhalamba ikafa, kamtsikana kaja kasanduka kamasiye moyo wake wonse. Nsalu yoyera yokhayokha, zokongoletsa zonse kuvula, chakudya kamodzi pa tsiku, nsomba osalawa, m'dziko limene ndiwo yake yeniyeni ndi nsomba. Kawiri pa mwezi kusala kudya, madzi omwe osamwa, ngakhale kutenthe bwanji. Amayi muli panowa, ganizirani mwana wa Sitandade 4.

Vidyasagar anafufuza m'malemba akale mpaka anapeza ndime m'buku la malamulo la Parashara yolola mkazi kukwatiwanso mwamuna akamwalira. Mu 1855 anasindikiza zimenezi m'Chibengali, ndipo Calcutta yense anatekeseka. Chikalata chake chopempha boma kusintha lamulo anasayina anthu osakwana 1,000. Chikalata chotsutsa anasayina oposa 30,000. Lamulo linadutsabe mu July 1856, ndipo mu December chaka chomwecho unachitika ukwati woyamba, apolisi atazinga msewu. Koma lamulo ndi pepala. Amuna ofuna kukwatira amasiye anali ochepa, moti iye ankalipira yekha maukwatiwo mpaka kumira m'ngongole, ndipo ena mwa akamuna aja ankangotsata ndalama zake. Mu 1870 mwana wake weniweni anakwatira mkazi wamasiye, bambo n'kuvomereza achibale akudandaula. Apa m'pamene ine ndimamuvulira chipewa, chifukwa ambiri timakonda kusintha mwambo pakhomo pa eni ake.

Ntchito yake ina inali yachete koma inafika patali. Mu 1855 analemba kabuku kophunzitsira ana zilembo za Chibengali, atazisanja mwadongosolo, ndipo ana akukagwiritsabe ntchito. Pakati pa 1857 ndi 1858 anatsegula sukulu za atsikana 35 m'midzi, boma likuzengereza kulipira aphunzitsi. Kumapeto kwa moyo wake anatopa nawo anthu ophunzira a mu Calcutta, ndipo ankakhala nthawi yaitali ku Karmatar pakati pa anthu a mtundu wa Santal.

Za atsikana zija sizinali zophweka, chifukwa anthu ankakhulupirira kuti mkazi akaphunzira kuwerenga mwamuna wake amafa. Mayi wina wakumudzi, Rassundari Devi, anakwatiwa ali ndi zaka 12, ndipo tsiku lonse linkathera kukhitchini kuphikira banja lalikulu. Ankafunitsitsa kudziwerengera yekha buku la chipembedzo. Anasolola tsamba limodzi m'buku la mwamuna wake n'kulibisa kukhitchini, anatenganso tsamba la mgwalangwa limene mwana wake ankaphunzirirapo kulemba, n'kumafananiza zilembo uku mphika uli pamoto, nsalu ataphimba kumaso. Anadziphunzitsa choncho. Atakalamba analemba mbiri ya moyo wake, imene imawerengedwa kuti ndiyo yoyamba yotere m'Chibengali. Pofika 1883 akazi awiri, Kadambini Ganguly ndi Chandramukhi Basu, analandira madigiri pa University of Calcutta, ndipo Kadambini anadzakhala dokotala.

Nkhani ya chilankhulo nayo ndi yochititsa chidwi. Michael Madhusudan Dutt ankalota zodzakhala mlakatuli wamkulu wa Chingerezi. Analowa Chikhristu, anatenga dzina lachizungu, ndakatulo zake n'kumalemba m'Chingerezi, koma sizinapite patali. Atabwerera ku Chibengali analemba ndakatulo yaitali mu 1861 imene inasintha kalembedwe konse. Ndalama zitamuthera ali ku France, amene anamutumizira thandizo anali Vidyasagar yemwe uja wa zilipasi. Bankim Chandra Chatterjee, wogwira ntchito m'boma la atsamunda, nayenso buku lake loyamba analilemba m'Chingerezi, kenako anatembenuka, ndipo kuyambira 1865 nkhani zake za m'Chibengali zinalowa m'nyumba mpaka kwa amayi ongodziwa kumene kuwerenga.

Tsopano funso limene mabuku ena amalilambalala: ndani ankalipira zonsezi? Mu 1793 Angerezi anakhazikitsa lamulo lopereka malo kwa eni malo akuluakulu otchedwa zamindar, kuti iwo azitolera lendi kwa alimi n'kumapereka msonkho wokhazikika ku boma. Mabanja ambiri amene ana awo ankakangana za nzeru zakuya ku Calcutta ankadya lendi imeneyo. Banja la Roy linali ndi malo, banja la mlembi Rabindranath Tagore linalinso ndi malo. Ndipo kum'mawa kwa Bengal alimi ambiri anali Asilamu, amene m'makoleji muja ankaoneka mwa apo ndi apo.

Alimiwo sanadikire ophunzira. Azungu ena ankawakakamiza kubzala indigo, mbewu yopangira utoto wabuluu, pa minda yabwino yoyenera mpunga. Ankawapatsa kangongole koyambira kosatheka kubweza, mlimi akakana n'kumukwapula. Amene munamva kwa agogo za thangata m'maesiteti a ku Thyolo, Mulanje ndi Chiradzulu mukudziwa mtima wake. Mu 1859 alimi a ku Nadia anangoti sitibzalanso, ndipo kukanako kunafalikira. Apa ophunzira ena anathandizako. Dinabandhu Mitra, wa ntchito ya positi, analemba sewero loonetsa nkhanzazo mu 1860. M'busa James Long atalifalitsa m'Chingerezi anamangidwa mwezi umodzi ndi kulipitsidwa chindapusa cha marupi 1,000, chimene Mbengali wina wachuma, Kaliprasanna Singha, analipira pomwepo m'khoti.

Otchuka kwambiri ndingowadutsa, poti mbiri yawo siisowa. Jagadish Chandra Bose atalembedwa ntchito yophunzitsa sayansi pa Presidency College, anapeza kuti malipiro ake ndi ochepa kuyerekeza ndi a mzungu wa ntchito yomweyo. Anaphunzitsa zaka zitatu osalandira, mpaka akuluakulu anagonja n'kumupatsa zonse. Rabindranath Tagore analandira mphoto ya Nobel mu 1913, woyamba wochokera kunja kwa Ulaya pa zolembalemba, ndipo mu 1919 anabweza ulemu wa Sir umene mfumu ya England inamupatsa, asilikali atapha anthu osanyamula zida ku Amritsar. Nyimbo za fuko za India ndi Bangladesh zonse ziwiri ndi zake.

Mu 1905 bwanamkubwa Curzon anagawa Bengal pawiri. Ophunzira a ku Calcutta anakwiya, ananyanyala katundu wa ku England, anatentha nsalu zochokera ku Manchester, ndipo mu 1911 boma linabweza ganizolo. Koma Asilamu ambiri a kum'mawa kugawako anakukondwera nako, poona kuti mwina mzinda wawo wa Dhaka ungapeze sukulu ndi ntchito zimene Calcutta ankadya yekha. Mng'alu umene unaoneka pamenepo unadzatseguka mu 1947, pamene Bengal anagawidwa pakati pa India ndi Pakistan.

Mwa Asilamu omwewo munatuluka Begum Rokeya, wobadwa mu 1880 ku Rangpur, m'banja limene atsikana sankaloledwa kutuluka panja kapena kuphunzira Chibengali. Mchimwene wake ankamuphunzitsa usiku, ena onse atagona. Mwamuna wake atamwalira, anatsegula sukulu ya atsikana a Chisilamu ku Bhagalpur mu 1909 ndi ana asanu, n'kuisamutsira ku Calcutta mu 1911. Ankayenda khomo ndi khomo kupempha makolo, ndipo kuti avomere anawalonjeza kuti ana azinyamulidwa pa ngolo yotchinga ndi makatani, munthu wa mumsewu asawaone. Sukuluyo, Sakhawat Memorial, ilipobe ku Kolkata, ndipo ku Bangladesh amamukumbukira pa 9 December chaka chilichonse, tsiku limene anamwalira mu 1932.

A tcheyamani, nthawi mwandipatsa yatha. Amayi a kumanzereku ndaona munakweza dzanja kale pa nkhani ya amasiye ija, yambani ndinu.