Wolemba sewero saoneka, woonekera ndi wosewera

Zikomo amfumu, zikomo amayi ndi abambo. Anyamata a gulu la zisudzo, sunthirani kutsogolo kuno, nkhaniyi ndi yanu.

Nonse mwaiona kanema ija yazungulira m'mafoni sabata yathayi. Munthu wina anapatsa ana athu ndalama kuti asewere monyoza mnzake wopikisana naye pa ndale. Lero mwini nkhaniyo ali phee kunyumba kwake, oitanidwa ku bwalo ndi ana athu. Wolemba sewero saoneka, woonekera ndi wosewera. Ndiye ndikuuzeni za bambo wina wa ku Czechoslovakia, dzina lake Vlasta Burian.

Anabadwa mu 1891 mumzinda wa Liberec, n'kukulira ku Prague, likulu la dzikolo. Anagwirako pagolo ku timu ya Sparta, eya, goloboyi weniweni, koma chimene anthu anamukondera ndi nthabwala. Ankasiya mawu olembedwa n'kumapeka ake pomwepo, anzake pa siteji n'kubalalika, holo yonse kufa nalo phwete. Mu 1925 anakhala ndi nyumba yakeyake ya zisudzo. Mafilimu ake a m'ma 1930 ankadzaza maholo mpaka anamutcha mfumu ya anthabwala. Chuma anali nacho, nyumba yake inali yapamwamba. Osati ngati enanu, mukangoomberedwa m'manja pa ukwati umodzi basi moni munasiya kupereka.

Mu Marichi 1939 asilikali a Hitler analowa mu Prague. Burian anapitiriza kusewera. Mu 1941 wayilesi, imene inali m'manja mwa Ajeremani, inamuika m'kasewero konyoza atsogoleri a Czechoslovakia amene anathawira ku London. Iye anayerekeza kalankhulidwe ka Jan Masaryk, nduna yoona za kunja ya boma lothawalo, munthu amene anthu ankamumvera mobisa pa wayilesi ya ku London. Anthu anamva mawu a Burian. Ndikubwereza: woonekera ndi wosewera.

Nkhondo itatha mu 1945 anamumanga pomunena kuti ankagwirizana ndi Ajeremani. Nyumba ya zisudzo inalandidwa, nyumba yake yogona inalandidwanso, anamugamula miyezi itatu kundende n'kumuletsa kusewera. Mfumu ya anthabwala inayamba kukhalira maganyu.

(Bambo wina: Koma aphunzitsi, munthu akana bwanji eniake ali ndi mfuti?)

Mwafunsa bwino, achimwene, ndipo ine sindikumuweruza ayi. Masiku amenewo kukana kunali kuika moyo pachiswe. Woimba wina yemwenso ankasewera mafilimu, Karel Hašler, anagwidwa ndi Gestapo, apolisi achinsinsi a Hitler, n'kukafera ku msasa wa akaidi wa Mauthausen chaka chomwecho cha 1941. Ndiye mantha a Burian anali oona. Ngakhale anthu a kwawo anadzaona kuti chilango chija chinapyola muyeso, pakuti mu 1994 dzina lake linayeretsedwa, ndipo mu 2002 mafupa ake anawasamutsira ku manda aulemu a Vyšehrad, kumene kumagona anthu otchuka a dzikolo. Koma tawerengani zaka. Iye anamwalira mu 1962. Kuyeretsedwako kunabwera patapita zaka 32 ali m'manda. Anamulola kubwerera pa siteji mu 1950, inde, koma nyumba yake ya zisudzo sanaionenso, ankangoyendayenda kukasewera m'matauni, thupi litatopa. Tsono ngati munthu woopa mfuti analipira chotere, nanga inu anyamata, anakulozani mfuti ndani? Zakumwa ndi mayunitsi basi. Inu kukana kunali kotheka.

Ndikuona amayi ayamba kuyang'ana dzuwa, ndifulumire. Wina akabwera ndi sewero, muliwerenge lonse musanavomere, osati mbali yanu yokha. Mufunse kuti ndalama zikuchokera kwa yani, ndipo kanemayo akamuonetsa kuti. Mukapezamo dzina la munthu wamoyo, kapena kayendedwe kake koti aliyense amuzindikire, bwezani. Foni isajambule mkulu wa gulu asanalole. Ana osakwana zaka 18, makolo adziwe kaye. Ndipo zikakuvutani kukana nokha, nenani kuti gulu lathu limayamba lafunsa amfumu.

Alembi, lembani mayina a onse amene anaoneka m'kanema muja, Loweruka tipitire limodzi kukapepesa. Amfumu, ndabweza mawu kwa inu.