Anthu amene amakuopsezani mu filimu osaoneka pa kamera

Moni nonse. Usiku uno tayesani izi: tsegulani filimu yoopsa, mufike pomwe mtima umagunda kwambiri, kenako muzimitse mawu, kukhale zii. Mantha onse atha. Chatsala ndi munthu woyenda mumdima basi. Amene amakuopsezani uja anali mu situdiyo.

Wopeka nyimbo za filimu nthawi zambiri amayamba ntchito kujambula kutatha. Amakhala pansi ndi dayirekita, n'kuonera filimu yonse, kugwirizana kuti nyimbo ilowe pati, ituluke pati. Sekondi imodzi ya filimu ili ndi zithunzi 24, ndiye nyimbo ikachedwa pang'ono chabe, msozi womwe umati ugwe umabwerera. Ine ndimalemekeza kwambiri wopeka amene amadziwa malo oti nyimbo isakhalepo n'komwe, chifukwa woimba aliyense amalakalaka kumveka.

Mu 1974, shaki yamakina yomwe ankajambulira filimu ya Jaws inkangowonongeka, moti imaoneka mwa apo ndi apo. John Williams anapeka kanyimbo ka manotsi awiri obwerezabwereza. Oonera akangomva, ankadziwa kuti chilombo chafika, ngakhale m'madzimo simukuoneka kanthu.

Palinso akatswiri a phokoso. Mapazi, kukhwekhwereza kwa zovala, chitseko kulira, zambiri mwa izi amazijambula pambuyo pake, munthu akuponda mchenga kapena matabwa maso ali pa sikirini. Ntchitoyi imatchedwa Foley, kuchokera pa dzina la Jack Foley wa ku kampani ya mafilimu ya Universal. Ziboda za hatchi? Zikamba za kokonati. Masiku ano malire a nyimbo ndi phokoso akufufutika: wopeka nyimbo Hildur Guðnadóttir anapita kukajambula kulira kwa makoma ndi makina pa siteshoni ya nyukiliya ku Lithuania, n'kupanga nako nyimbo za Chernobyl, sewero la pa TV lomwe linatuluka mu 2019.

Nanga munthu amayamba bwanji? Ambiri amathandizira wopeka wamkulu, kapena amapangira nyimbo mafilimu aafupi a ophunzira, ali ndi kompyuta, kiyibodi ndi mahedifoni. Mukafika pamenepo, musaiwale pepala lotchedwa cue sheet. Limalemba nyimbo iliyonse ya mu filimu, kutalika kwake ndi mwini wake. Mabungwe otolera ndalama za oimba amayang'ana pepalali filimu ikaulutsidwa pa TV, ndipo dzina lanu likasowapo, ndalamazo sizikupezani.