Mtengo wa thumba lathu umapangidwira kuti?

Zikomo amfumu, zikomo a komiti, amayi ndi abambo nonse. Kumbuyoko mukundimva? Chabwino. Amayi a ana sunthirani pamthunzi apo, sindichedwa.

Ndabwera ndi thumba ili lopanda kanthu, la Urea, lomwe kwathu layamba kale ntchito yoyanikapo ufa. Ndani pano anaonapo fakitale yopanga Urea m'Malawi muno? Palibe. Fetereza ameneyu amapangidwa kuchokera ku gasi, ndiye amene amagulitsa kwambiri ndi mayiko a gasi wambiri monga Russia, Qatar ndi Saudi Arabia. Amabwera pa sitima yapamadzi, kutsikira ku Beira kapena ku Nacala, kenako n'kukwera malole. Nkhondo ya Russia ndi Ukraine itabuka mu Febuluwale 2022, ife kuno ku Lizulu sitinamve mfuti ngakhale imodzi, koma inatipeza pa sitolo. Thumba lomwe mu 2020 tinkagula pa 20 sauzande ndi kanthu linakwera mpaka kudutsa 100 sauzande. Izi ndi zomwe ophunzira amati globalization: mayiko analukana pa malonda ngati mphasa, ukakoka bango limodzi ena onse amasuntha.

Komatu nkhondo tisaisenzetse zonse. Wogulitsa fetereza kunja salandira kwacha, amafuna dola. Mafuta a galimoto dola, mankhwala a kuchipatala dola. Nanga dziko lathu dola limaipeza kuti? Pogulitsa zinthu kunja, makamaka fodya, kenako tiyi, shuga ndi mbewu za mtundu wa nyemba. Vuto n'lakuti zomwe timagula kunja zimaposa kawiri zomwe timagulitsa. Banja lodya kwambiri kuposa zomwe lakolola mukulidziwa mathero ake. Mu Meyi 2022 kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti, mu Novembala 2023 ndi 44 peresenti, dola imodzi n'kuchoka pa K1,180 kufika pa K1,700. Thumba ndi lomwe lija la makilogalamu 50, silinakule, koma kuti mulipeze mufunika kukumba mizere yambiri ya mbatata kuposa kale.

Tsopano za nandolo, ndipo abale athu a kumunsi ku Bwanje ndi ku Balaka angafotokoze bwino kuposa ine. Cha m'ma 2015 ndi 2016 nandolo anali ndi ndalama, chifukwa ku India, komwe amamudya pafupifupi tsiku lililonse, mvula inavuta zaka ziwiri zotsatizana. Mavenda ankachita kukupeza pakhomo ndi sikelo. Anthu anaona kuti apa ndiye pali ndalama, nandolo munda wonse. Mu 2017 Amwenye anakolola ochuluka kwawo, boma lawo n'kuika malire pa nandolo wochokera kunja. Mtengo unagwa pansi. Mlamu wanga wina anasunga matumba ake kudikira kuti ukwera, anankafumbwe ndi amene anadya phwando. Iye sanalakwe kulima, analima bwino zedi. Cholakwika chinali chakuti dziko lonse linkadalira wogula mmodzi, ndipo palibe amene anamuuza mlimi kuti wogulayo nayenso ali ndi munda wake. Mu 2021 India inagwirizana ndi Malawi kuti izigula matani 50,000 pachaka kwa zaka zisanu. Ndi nkhani yabwino, koma wogula akadali yemwe uja.

Ndisaoneke ngati ndabwera kudzalira maliro okhaokha. Jekete ndavalali ndi la pakaunjika, ndinalisankha belo litangodulidwa kumene, amayi akulimbirana madiresi, ine n'kulikoka pansi pa mulu. M'thumba mwake ndinapezamo tikiti ya basi ya dziko lomwe sindidzafikako. (Kuseka) Kuzizira kwa Juni kuno mukukudziwa, kaunjika watifunditsa. Foni, sola ya padenga, njinga zamoto za anyamata a kabaza, zonsezo n'za ku China ndi ku India. Mwana ali ku Joni amatumiza ndalama m'mawa, masana mayi ake agula ndiwo. Ndipo pamsika wathu uno mukangowoloka msewu mwaponda Mozambique. Kabichi ndi mbatata sizifunsa chiphaso. Koma akuluakulu mukukumbuka nsalu za David Whitehead za ku Blantyre, komanso matelala omwe ankadzaza m'makhonde a sitolo. Msika utatsegulidwa m'zaka za m'ma 1980 ndi 1990, pansi pa ndondomeko za mabungwe obwereketsa ndalama ku mayiko a IMF ndi World Bank, katundu wotsika mtengo analowa, ntchito zambiri za m'mafakitale n'kutha. Thonje timalima tokha, malaya tikugula ovala kale.

Za azungu ndi ena obwera kudzaika ndalama, makolo anatisiyira mawu awiri. Anati mlendo ndi amene amabwera ndi kalumo kakuthwa. Anatinso mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Onse ndi oona. Mgodi wa Kayelekera ku Karonga, wokumba uranium, mwala womwe amapangira magetsi a nyukiliya, unatsegulidwa mu 2009, anthu analembedwa ntchito. Mu 2011 ngozi inachitika pamalo opangira magetsi a nyukiliya ku Fukushima, ku Japan, mtengo wa uranium unatsika, pofika 2014 mgodi unaima. Lero nkhani ili pa mgodi wa Kangankunde, kwa anansi athu a ku Balaka. Mlendo wotere akafika, amfumu, funso lisamathere pa ganyu ya ana athu. Tifunse kuti malo alipira bwanji, madzi athu atsala otani, ndipo akadzanyamuka adzasiya chiyani.

Mtengo wa ku India kapena wa gasi sitingausinthe tili pano. Koma taganizirani venda akafika ku Tsangano, alimi makumi atatu aliyense ndi thumba lake losokerera mutu pamwamba, aliyense akuopa kuti mnzake agulitsa msanga. Mtengo amatchula ndani? Venda. Alimi omwewo akasonkhanitsa mbatata yawo, n'kuimba foni ku Lilongwe ndi ku Blantyre kufunsa mtengo wa tsikulo, n'kubwereka lole imodzi, nkhani imayambira pena. Chimodzimodzi pogula chitowe ndi Urea: matumba 200 pamodzi sagulidwa pa mtengo wa thumba limodzi.

A mlembi, pepala lija liyende. Aliyense alembe mbewu yomwe walima chaka chino ndi matumba amene akuyembekezera, osawonjezera ayi. Amene kulemba kumawavuta, mtsikana uyo akuthandizani. Bambo a chipewa kumbuyoko, ndaona mwakweza dzanja kalekale, funsani.